Phil Collins uja manja anamukana bwanji?

Kondwani: Akuluakulu mwaswera bwanji pa gulu pano. Ine dzulo usiku ndimaonera kanema wa shoo yomaliza ya bandi ya Genesis, ija anachitira ku O2 ku London pa 26 Malichi 2022, ndipo tulo sindinatione bwinobwino. Phil Collins akulowa pa siteji ndi ndodo, akuyenda pang'onopang'ono, kenako kukhala pa mpando basi mpaka shoo kutha, ng'oma akuimba mwana wake kumbuyo. Ine ndimaimba ng'oma ku tchalitchi kwathu nde zinandikhudza heve. Amene mumamudziwa bwino munthuyu tandiuzeni, chinachitika ndi chani kwenikweni kuti afike pamenepa?

Mai a Tadala UK: Eeh Kondwani mwana wanga wandikumbutsa. Ine ndinaliko pa ulendo womwewo koma ku Birmingham, mu Seputembala 2021, ndi kumene anayambira. Ndifotokoza ndikaweruka, pano ndili pa ntchito

Ankolo Gondwe: Ana inu mwayamba kumudziwa ali pa mpando, ife tinamudziwa ali ndi mphamvu zake. Kaseti ya But Seriously ndinaigula 1990 ndikugwira ntchito ku Mzuzu, inazungulira nyumba zonse za mu laini mwathu mpaka tepi inayamba kutafunidwa, ndimachita kuibweza ndi bolopeni. Koma choyamba mudziwe ichi, munthu ameneyu sanayambe ngati woimba ndi pakamwa ayi. Ndi wa ng'oma. Anabadwa pa 30 Januwale 1951 ku London, kang'oma koseweretsa anamupatsa ali ndi zaka 5, ndipo ndi wamanzere, mukaonetsetsa bwino ng'oma zake amaziyala mosemphana ndi anzake

Chiku: Ine ndinene zoona akulu, Phil Collins kwa ine ndi nyimbo za mu minibasi ndi za pa ukwati nthawi yodula keke. Zofewa zija. Sindimaona chodabwitsa

Blessings wa Situdiyo: Chiku aise usayankhule choncho usanamve zimene ankaimba zaka za m'ma 1970. Kasake Brand X, bandi ya jazi imene ankaimbamo pambali pa Genesis, umve mmene manja ankathamangira. Kapena Genesis yakale ya Selling England by the Pound, 1973, nyimbo imodzi mpaka mamineti 10 kapena kuposa, kugunda kwake kosinthasintha koti iwe ukawerenga 1 2 3 4 usochera pompo. Za pa keke zinabwera mochedwa kwambiri

Ankolo Gondwe: Blessings wanena zoona. Ndipo asanalowe Genesis anali mwana wa zisudzo, mai ake ankagwira ntchito yopezera ana malo m'zisudzo ndi m'mafilimu. Ali ndi zaka 13 anali kale pa siteji ku West End, dera la zisudzo ku London, mu sewero la Oliver, mpaka mawu anasintha kukhala achinyamata nde anasiya. Genesis analowa 1970 ataona chilengezo mu nyuzipepala ya zoimba ya Melody Maker. Mayeso ake anachitikira kunyumba kwa makolo a Peter Gabriel, woimba wa bandiyo, Phil anafika msanga nde anamuuza kuti ayambe wasambira mu damu la panyumbapo podikira. Ali m'madzimo amamvetsera anzake amene amayesedwa, pofika nthawi yake nyimbo zonse anali atazigwira kale m'mutu

Kondwani: Khutu limenelo ndi lomwe ndimalisirira. Nde zoimba ndi pakamwa zinayamba liti ankolo?

Ankolo Gondwe: 1975 Peter Gabriel anachoka, ndipo anthu ambiri anati basi Genesis yatha chifukwa Gabriel ndi amene anali nkhope ya bandi, ankavala zigoba ndi zovala zodabwitsa pa siteji. Anayesa oimba ambirimbiri, ndipo amene ankawaphunzitsa nyimbo oyesedwawo anali Phil yemweyo. Mapeto ake anzake anaona kuti mphunzitsiyo akuimba bwino kuposa onse obwera. Chimbale cha A Trick of the Tail, 1976, anaimba ndi iye, chinagulidwa bwino zedi. Koma iye mtima wake sunali kutsogolo kuja, pa shoo amati akaimba ndime zake nkuthamangira kumbuyo kukakhala pa ng'oma. Nde anachita kulemba wina womuthandiza, poyamba Bill Bruford kenako Chester Thompson amene anakhala naye zaka zambirimbiri, awiriwo amaimba ng'oma pamodzi moyankhizana, ukamaonera thupi limachita tsembwe

Mercy Joni: Moni nonse. Ine mbiri ya Genesis sindiidziwa, ine ndimadziwa One More Night ndi Against All Odds basi, mai anga ankazikonda akamasita Lamulungu madzulo wailesi ili pa windo. Koma funso langa, nchifukwa chani nyimbo zake zambiri zili za munthu wosiyidwa? Ngakhale usamve chizungu umadziwa kuti bamboyu akudandaula

Ankolo Gondwe: Mercy mwana wanga wafunsa pa mutu penipeni. Banja lake loyamba linagwedezeka chifukwa cha maulendo, 1978 Genesis inali pa msewu pafupifupi chaka chonse. Mkazi wake anatenga ana nkupita ku Vancouver ku Canada kumene kunali abale ake. Phil anawauza anzake kuti ine ndikutsatira banja langa, anapitadi, koma sizinatheke, anabwerera ku England 1979 nkupeza nyumba ili zii. Anzake awiri aja Tony Banks ndi Mike Rutherford anali otanganidwa ndi zimbale zawozawo. Nde munthu uja yekhayekha m'nyumba, piyano, kiyibodi, ndi kamakina koimba ng'oma, nkuyamba kupeka. Kale sankapeka kwenikweni, zambiri ankapeka ndi anzakewo. Zimene zinatuluka m'nyumba imeneyo ndi chimbale cha Face Value cha 1981

Blessings wa Situdiyo: Apa nde mundilole ndilowepo chifukwa In the Air Tonight, nyimbo ya pa chimbale chimenecho, ndi sukulu kwa ife ojambula nyimbo. Kamakina kamene ankolo akunena ndi Roland CR-78, ndi kamene kamamveka koyambirira kuja, tik tik pansipansi ngati wotchi. Taganizani, katswiri wa ng'oma koma nyimbo yake yoyamba akuyamba ndi makina, ng'oma zenizeni kuzibisa mamineti atatu ndi theka onse. Munthu umangodikira, mtima uli m'mwamba, mawu akubwera ngati akuchokera m'chitsime, nde zikamagwa ng'oma zija umadzidzimuka ngakhale unaimva kale ka 100. Kudikiritsa kumeneko ndi kumene ana a masiku ano sakutha, amafuna zonse zilowe pa sekondi 5 zoyamba

Kondwani: Achimwene nanga kulira kwa ng'oma kuja amakupanga bwanji? Ndayesa kumanga zikopa mosiyanasiyana koma sizimveka choncho

Blessings wa Situdiyo: Sungazipeze ndi kumanga kokha mphwanga, ndi za mu situdiyo. Zinapezeka mwangozi akujambula chimbale chachitatu cha Peter Gabriel chimene chinatuluka 1980, ku Townhouse ku London, Phil anapita kukamuimbira ng'oma mnzake wakaleyo, zomwe zikusonyezanso kuti sanadane. Injiniya anali Hugh Padgham. Desiki yawo ya SSL inali ndi kamaiki kongolankhulirana ndi anthu amene ali m'chipinda choimbira, ndipo kamaiki kameneko kanali ndi kompresa yamphamvu yoti ngakhale munthu anong'one patali umumve. Tsiku lina kanali kotsegula Phil akugunda, ng'oma zinamveka zazikulu ngati nyumba ikugwa. Nde anawonjezera geti, kachipangizo kamene kamatseka mawu akangoyamba kuchepa. Ndiye kuti ng'oma imalira ndi chipinda chonse, phuu, kenako mmalo moti mawu azilala pang'onopang'ono amadulidwa mwadzidzidzi ngati watseka chitseko. Gabriel anakananso mbale zachitsulo zija zimalira kuti tsiii, anati pa chimbale chonse pasapezeke, nde ng'oma zinatsala pa mbalambanda. Mvera Intruder ya Gabriel kenako In the Air Tonight uona kuti ndi ana a bambo mmodzi. Zaka zonse za m'ma 1980 dziko lonse linakopera kaliridwe kameneko

Chiku: Chabwino pamenepo ndavomera. Koma si nyimbo ija amati anaona munthu akumira wina osamupulumutsa, nde anamuitanira ku shoo nkumuunikira ndi getsi?

Ankolo Gondwe: Bodza limenelo Chiku, mwini wake anakana kambirimbiri. Anati mawu ambiri anangotuluka pomwepo akuimba, ndi mkwiyo wa kutha kwa banja basi. Nkhani ya womira ija inangofala, mpaka Eminem anaitchula mu nyimbo yake ya Stan nde achinyamata anaitenga ngati zoona

Mercy Joni: Koma pamenepa ine ndili ndi mawu. Tonse tikumvera chisoni bambo chifukwa ndi amene ali ndi maiki. Mai uja analibe chimbale choti afotokoze mbali yake, anatsala ndi ana awiri bambo ali ku America miyezi ndi miyezi. Ndipo anadandaulapo poyera kuti nkhani ya banja lawo sinakambidwe mmene inalili. Kuno ku Joni ndaona mabanja ambiri a kwathu akutha chonchi, bambo akuti ndikusakira ana, inde akusakadi, koma ana akukula osamudziwa. Nyimbo ndi zokoma koma tisaiwale kuti kuseri kwake kuli mzimayi amene dziko lonse linamuweruza osamumva

Ankolo Gondwe: Sindikutsutsa mwana wanga. Iye mwini m'buku lake la 2016, Not Dead Yet, anavomera kuti ntchito ankaiika patsogolo ndipo mabanja atatu onse anatha. Samadziyeretsa ayi

Chiku: Nanga za fakisi zija? Kusudzula mkazi pa fakisi ankolo, pamenepo mumuikira kumbuyo bwanji

Ankolo Gondwe: Imeneyo ndi ya banja lachiwiri, 1994. Nyuzipepala ina ya ku England inapeza fakisi imene analembera mkazi wake ali pa ulendo nkuisindikiza patsamba loyamba. Iye wakhala akunena kuti banja silinathere pa fakisi, zinali zokangana za kuonana ndi mwana, nkhani ya kutha inali itakambidwa kale. Kaya ukhulupirira kaya ayi koma dzina linaipa kuyambira pamenepo, anthu a kwawo anamutembenukira. Mwana ameneyo ndi Lily Collins, yemwe uja wa Emily in Paris, anabadwa 1989

Mercy Joni: Haa Lily ndi mwana wake?? Ine ndaonera masizoni onse osadziwa

Blessings wa Situdiyo: Komanso china chimene anamudera ndi choti anali paliponse. Tawerengani, 1984 Against All Odds nambala 1 ku America, chaka chomwecho Easy Lover ndi Philip Bailey wa Earth Wind & Fire, ndi iyenso anaimba ng'oma pa nyimbo ya Band Aid, gulu la oimba otchuka lothandiza pa njala. 1985 No Jacket Required, imene inatenga mphoto ya Grammy ya chimbale cha chaka. 1986 wabwerera ku Genesis, Invisible Touch nayo nambala 1. Pakatipo akujambulira Eric Clapton zimbale, 1988 ali mu filimu ya Buster. Ukatsegula wailesi ndi iye, ukasintha siteshoni ndi iyenso. Anthu anatopa naye osati chifukwa analakwa kuimba koma anachuluka. Payekha nyimbo 7 zinafika nambala 1 ku America

Ankolo Gondwe: Mwaiwala Live Aid, 13 Julayi 1985, shoo yosonkhetsa ndalama za njala ya ku Ethiopia. Anaimba ku Wembley masana, yekha pa piyano komanso ndi Sting, kenako helikopita mpaka Heathrow, kukwera ndege ya Concorde mpaka New York, helikopita ina mpaka Philadelphia, nkukaimbanso tsiku lomwelo. Kumeneko anaimbira ng'oma Clapton, zinayenda bwino, koma za Led Zeppelin zinavuta, sanayeserere limodzi, a ng'oma anali awiri iye ndi Tony Thompson, zinangosokonekera ndipo ena mlandu anaukankhira kwa iye. Zinamuwawa zaka zambiri

Chiku: Pamene pamandivuta ine ndi Another Day in Paradise. Munthu wa mamiliyoni kuimba za osowa pogona, kenako nkusamukira ku Switzerland. Kwa ine zimakhala ngati mabwana aja amabwera ndi galimoto zazikulu kudzajambulitsa ndi ana amasiye

Mercy Joni: Ayi Chiku pamenepo nde ndikutsutsa. Nyimbo ija sikuti akudzionetsa ngati wosauka, akunena za munthu amene akudutsa mzimayi wopempha nkumayerekeza ngati sanamve, ndipo munthu ameneyo ndi iye, ndi ine, ndi iwe. Ine ndimadutsa anthu ogona pansi pa milatho mmawa uliwonse popita ku ntchito, ena ndi a kwathu konkuno ndimawamva Chichewa chawo, ndimathamangitsa maso. Ku Limbe ana aja amatambasula manja pa mawindo a minibasi tonse timayang'ana kumbali. Nde wolemera asaimbe za zimenezi, aimbe ndani kuti olemera anzake amve?

Ankolo Gondwe: Ndipo pa mashoo a nthawi imeneyo ankasonkhetsa ndalama za mabungwe osamala anthu osowa pokhala. Nyimboyo inatenga Grammy 1991, mawu ena mukuwamva kumbuyo kuja ndi a David Crosby. Pa chimbale chomwecho pali Colours, yodzudzula tsankho la ku South Africa, nthawi imeneyo Mandela asanatuluke, chimbale chinatuluka Novembala 1989 iye anatuluka Febuluwale 1990. Za Switzerland iye amati anatsatira mkazi wake wachitatu amene kwawo kunali komweko

Chiku: Colours sindinaimvepo, ndiisaka. Koma za misonkho ndikukayikabe ankolo, olemera onse amatero

Blessings wa Situdiyo: Kayika, ndi ufulu wako. Koma dziwa kuti nthawi imene azungu anzake ankamunyoza, akuda a ku America ndi amene anamugwira dzanja. 2001 oimba R&B ndi hip hop anapanga chimbale chonse cha nyimbo zake, Urban Renewal, mmene muli Brandy ndi Ray J. Bone Thugs-N-Harmony anatenga Take Me Home nkupanga Home, iye anavomera mpaka kuoneka nawo mu vidiyo. Ndipo sizodabwitsa chifukwa anakulira Motown, You Can't Hurry Love ija ndi ya The Supremes anangoibwereza, malipenga a pa zimbale zake ankaimba ndi a Earth Wind & Fire

Mai a Tadala UK: Ndaweruka tsopano, ndawerenga zonse. Kondwani funso lako loyamba lija palibe wakuyankha, nde ndiyankhe ine poti ntchito yanga ndi yosamala okalamba ndipo matenda amenewa ndimawaona tsiku ndi tsiku. Zinayamba ndi khutu, chaka cha 2000 khutu lamanzere linasiya kumva bwino mwadzidzidzi, nthawi yomweyo atangolandira mphoto ya Oscar ya nyimbo ya mu filimu ya Tarzan. Kenako 2007 Genesis inabwererana nkuyenda ulendo wautali, pamenepo fupa la m'khosi linasuntha nkufinya mitsempha imene imapita m'manja. Anamupanga opaleshoni koma zala sizinabwerere, samamva bwino chimene wagwira. Mitsempha sili ngati fupa loti likathyoka limalumikizana pa masabata 6, ikaphwanyika imachira pang'onopang'ono mwinanso osachira. Pojambula chimbale cha Going Back cha 2010 anachita kumata timitengo ta ng'oma kumanja ndi tepi kuti tisagwe

Kondwani: Kumata ndi tepi... mai zoona?

Mai a Tadala UK: Zoona mwana wanga, ananena yekha. Zaka zoposa 50 atakhala chowerama pa kampando kaja akumenya ndi mphamvu, msana unalipira. 2015 anamupanganso opaleshoni ya msana, pambuyo pake phazi linayamba kugwa, ndiye kuti sutha kudzutsa kutsogolo kwa phazi, umalikoka, ukapanda kusamala wapunthwa. Ndi chifukwa cha ndodo ija. 2017 anagwa usiku mu hotelo nkutemeka pamutu mpaka mashoo a ku Royal Albert Hall anawasuntha. Koma chimene chinatsala pang'ono kumupha si msana ayi, ndi mowa. Atalengeza 2011 kuti wapuma, banja lachitatu linali litatha kale, ana aang'ono awiri anapita ndi mai awo ku Miami, iye anatsala yekha opanda ntchito opanda ng'oma. Munthu amene moyo wake wonse anali wotanganidwa. Anayamba kumwa kuyambira mmawa mpaka kapamba anatupa, anagonekedwa m'chipatala ali kayakaya. Ndimawaona azibambo otere kuntchito kwanga, amene ntchito inali dzina lawo, ikatha amangofota ngati chimanga cha pa chilala ngakhale ndalama ali nazo

Ankolo Gondwe: Mai a Tadala mwafotokoza bwino. Ndalama analidi nazo, ndi mmodzi mwa anthu atatu okha, iye Paul McCartney ndi Michael Jackson, amene anagulitsa zimbale zoposa 100 miliyoni payekha komanso zina zoposa 100 miliyoni ndi bandi. Koma zala sizigulidwa

Kondwani: Ndikuuzeni chifukwa chenicheni chimene ndafunsira. Bambo anga kumudzi ku Ntchisi anali oimba ng'oma yaikulu ya mganda, midzi yonse yozungulira inkawadziwa, akaigunda anthu amadziwa kuti ndi iwo asanawaone. Ine ng'oma ndinaphunzira pa miyendo pawo. Zaka zitatu zapitazo anadwala sitiroko, dzanja lamanja silimagwira. Chaka chatha kunali mganda pa bwalo, tinawanyamula kukawakhazika pa mpando, ng'oma amaimba mnyamata wina amene anamuphunzitsa okha. Ndinawayang'ana, dzanja lamanzere limagunda pa bondo, ndipo mnyamata uja akachedwa pang'ono nkhope yawo imasintha. Sanayankhule kanthu mpaka tinabwerera kunyumba, nsima anakana. Nde dzulo nditaona Phil pa mpando paja akugwedeza dzanja mwana wake akuimba kumbuyo, ndinaona bambo anga

Mercy Joni: Pepa Kondwani. Ndalira ine

Chiku: Pepa aise, sindimadziwa. Mdala akupeza bwanji pano?

Kondwani: Akuyenda pang'ono ndi ndodo, kuyankhula kunabwerera. Koma za ng'oma safuna tizikamba

Mai a Tadala UK: Kondwani mvera ndikuuze zimene ndinaona ndi maso anga ku Birmingham, chifukwa pa kanema sizioneka zonse. Ine ndinapita ndi mantha, ndimati ndikaona munthu womvetsa chisoni ndipo ndinatsala pang'ono kugulitsa tikiti. Atalowa ndi ndodo holo yonse inaimirira. Mawu ake anali ochepa kusiyana ndi kale, zokweza zina amathandizidwa ndi anyamata awiri oimba kumbuyo, sindinama. Koma amacheza ndi anthu, amaseketsa, ndipo nthawi ndi nthawi amatembenuza mpando kuyang'ana mwana wake Nic. Mwanayo anabadwa 2001, anayamba kuimbira bambo ake pa mashoo akuluakulu ali ndi zaka 16, pa ulendo wa 2017 uja. Mmene amamuyang'anira muja si mwa munthu wolandidwa ayi, amamvetsera ngati mphunzitsi, pena kugwedeza mutu, ndipo pomutchula dzina kwa anthu nkhope yonse imawala. Chimene ndinaona ine nchakuti kuwawa kulipo koma kunyada kuliponso, zonse pa nkhope imodzi. Kusiyana kwake ndi bambo ako nkoti amene anakhala pa ng'oma ndi magazi ake

Ankolo Gondwe: Ndipo taonani Chichewa chathu, timati kuimba nyimbo, timatinso kuimba ng'oma, mawu amodzi omwewo. Azungu amasiyanitsa, nchifukwa chake amakangana kuti kodi Phil ndi woimba kapena wa ng'oma. Kwa ife funso limenelo palibe. Mukamvetsera bwino mmene amatchulira mawu, amawadula ngati akugunda, Sussudio ija dzina lopanda tanthauzo analipeka chifukwa limagwera bwino pa kugunda basi. Kondwani, iwe unayamba wawaimbirapo bambo ako ng'oma chidwalireni?

Kondwani: Ayi ankolo. Ndimaopa kuti ziwapweteka. Komanso ine ndinazolowera za ku tchalitchi, ya mganda ndinasiya ndili Fomu 2

Ankolo Gondwe: Ine ndine bambo, ndili ndi zaka zoposa 60, ndikuuze. Chimene chinawakanitsa nsima tsiku lija mwina si dzanja lokha. Ng'oma yawo inali m'manja mwa mwana wa eni, wawo ali chiimire pambali. Sindikukuweruza mwana wanga, koma pita ukawapemphe akukonze pamene ukulakwitsa. Usakawaimbire ngati ukusangalatsa wodwala, ukalakwitse ndithu akukalipire

Mai a Tadala UK: Ankolo anena zoona, ndipo ngakhale kuchipatala timalimbikitsa zimenezo, dzanja lodwalalo lizipatsidwa chochita. Kaike kang'oma kakang'ono pa miyendo pawo, lamanzere liyambe, lamanja ulithandize ndi lako pang'onopang'ono. Osawakakamiza, akatopa basi. Ukafunsenso a mafizo ku chipatala cha boma akuonetse zoyenera

Chiku: Ine ndamvera Colours ija pano kawiri. Theka loyamba ndi piyano, kenako ng'oma zikulowa. Ankolo munali ndi mfundo. Blessings nditumizire mayina a nyimbo za Brand X zoyambira

Blessings wa Situdiyo: Yamba ndi chimbale cha Unorthodox Behaviour cha 1976, nyimbo yoyamba yomweyo ikukwanira. Kondwani, ine ndili ndi maiki awiri ndi kalekoda konyamula m'manja. Ukapita ku Ntchisi undiuze tipitire limodzi, thiransipoti yanga ndilipira ndekha. Tikajambule iwe ukuimba ya mganda mdala akukuuza, ngakhale mawu awo okha akuwerengera kugunda, zimenezo nzofunika kusunga. Ndikabwera nazo kuno ndidzakuikira geti ija umve mmene ng'oma ya kwanu ingalirire

Mercy Joni: Mukajambula mutiponyere pa gulu pano chonde

Kondwani: Zikomo nonse, sindimayembekezera kuti zifika apa. Ndaimbira foni mai kumudzi, akuti ng'oma ija ikadali ku nyumba ya amalume, chikopa chinang'ambika mbali imodzi koma thupi lili bwino. Ndawauza asawauze kaye bambo. Achimwene Blessings Loweruka la mawa lino sinditha tili ndi kwaya, koma linalo ndili mfulu, tikakwere ya mmawa. Chikopa cha ng'ombe ndikagula pa Mponela podutsa, chomangira chake bambo ndi amene amadziwa nde ndikawafunsa iwowo